INJINI ZA GARRATT ZA GULU LA 20

Njanji inafika ku Ndola m'caka ca 1909, kucokera ku Broken Hill, mzinda umene dzina lake tsopano ndi Kabwe. Pamene migodi yaikuru ya mkuwa inatsegulidwa, anatalikitsa njanjiyo kufikira ku Luanshya ndi ku Nkana, kumene kuli mzinda wa Kitwe. Masiku ano sitima imene ana a ku Kabushi aimva ikulira m'Ndola ikokedwa ndi injini ya dizilo. Koma masiku a makolo ao, sitima zonse zinali kuyenda ndi moto, madzi ndi nthunzi.

Mkuwa susungunuka popanda moto waukali, ndipo motowo unafuna malasha. Malashawo anali kucokera kutali ku Wankie, kumene lero ati Hwange, m'dziko la Zimbabwe. Anali kuoloka Zambezi pa mlatho wa Victoria Falls, napita pa Livingstone, Kafue ndi Broken Hill, kufikira ku Ndola. Itatha nkhondo yaciwiri ya dziko lonse, migodi inakula msanga kuposa mphamvu ya sitima. Malasha anaperewera, kotero kuti eni migodi anayamba kudulitsa mitengo yambirimbiri ya m'thengo kuti asonkhere moto nkhuni.

Bvuto lake linali ili. Njanjiyo inali imodzi yokha, yopapatiza, ya mafiti atatu ndi theka, ndiponso inali ndi zitunda ndi mokhota mwambiri. Katundu wolemera afuna injini yaikuru. Koma injini yaitali youma thupi siingathe kukhota bwino, ndipo injini yolemera yokhala pa magudumu owerengeka iononga njanji ndi milatho.

Nzeru yogonjetsa bvutoli inacokera kwa Mngelezi wina dzina lake Herbert William Garratt, amene analembetsa nzeruyo ku boma m'caka ca 1907. Injini zambiri zikoka ngolo yapadera ya madzi ndi malasha pambuyo pake. Injini ya Garratt isenza yokha zonsezi, ndipo iri ndi zigawo zitatu. Cigawo ca kutsogolo cinyamula thanki ya madzi. Cigawo ca kumbuyo cinyamula malasha ndi madzi ena. Pakati pali mphika waukuru wowiritsira madzi, wolenjekeka pa zigawo ziwirizo monga mtolo umene anthu awiri aunyamula pa mtengo. Pofika pokhota, cigawo ciri conse citembenuka pa cokha, ndipo kulemera konse kugawika pa magudumu ambiri.

Kampani ya Rhodesia Railways inayamba kugwiritsa nchito injini zotere m'caka ca 1926. Zazikuru koposa zonse zinali za gulu la 20, zimene anazipanga a Beyer, Peacock mumzinda wa Manchester ku England, kuyambira 1954 kufikira 1958. Zonse pamodzi zinali 61. Iri yonse inali ndi magudumu 28, ndipo mwa amenewa 16 ndiwo anali okoka. Kulemera kwake kunapitirira matani 200. Ng'anjo yake inali kudya malasha ambiri kotero kuti munthu mmodzi wa fosholo sakadatha kuikhutitsa. Cifukwa cake anaikamo makina okankhira malasha pamoto. Injini zimenezi zinabwera ndi malasha kumpoto, nizibwerera kumwera ndi mkuwa.

Dziko la Zambia linalandira ufulu m'caka ca 1964, ndipo m'caka ca 1967 kampani ya njanji inagawidwa pawiri. Zambia Railways inatenga zina za injinizo, koma posacedwa inayamba kugula injini za dizilo, zimene sizifuna kuima kawirikawiri kumwa madzi. Pang'ono ndi pang'ono moto wa injini za nthunzi unazimitsidwa. Wofuna kuona injini zakale za nthunzi angazipeze ku nyumba yosungiramo zinthu zakale za njanji ku Livingstone.

MAFUNSO
1. Kodi malasha a ku migodi anali kucokera kuti?
2. Cifukwa ninji eni migodi anadulitsa mitengo?
3. Fotokozani zigawo zitatu za injini ya Garratt.
4. Jambulani mapu oonetsa njanji kucokera ku Livingstone kufikira ku Ndola.