Sefa ya mpweya wa m'kati mwa galimoto: isintheni, musaitaye

Ma Sienta, ma Noah, ma Voxy ndi ma Serena amene adzaza m'misewu yathu ali ndi sefa ziwiri za mpweya. Ya ku injini aliyense amaidziwa, ndipo amakaniko amaisolola pa sevisi iliyonse. Inayo, imene imasefa mpweya wopuma anthu okwera, inabisala kuseri kwa kabokosi kosungiramo mapepala kutsogolo kwa mpando wa pasenja, moti galimoto zambiri zimatha zaka popanda woiyang'ana. Ndi pepala lokhuthala lopindapinda. Mpweya wakunja umalowera m'munsi mwa galasi lakutsogolo, pamene pali mawaipa, n'kudutsa m'sefayi usanafike pa fani ndi pa chitsulo choziziritsa cha AC. Sefayo imagwira fumbi, mungu, mwaye ndi timasamba. Zina zili ndi makala m'kati ochepetsako fungo.

Opanga galimoto kawirikawiri amati isinthidwe pakatha chaka kapena makilomita pafupifupi 15,000, koma mabuku awo omwewo amachenjeza kuti m'malo afumbi nthawiyi ifupikitsidwe. Galimotozi zinachokera ku Japan, kumisewu ya phula. Kuno Sienta yonyamula anthu pamsewu wadothi kuyambira Ogasiti mpaka Novembala, tchire likupsa ndiponso fumbi lili koboo, imatha kutseka sefa m'nyengo imodzi. Choncho musadalire makilomita okha. Isololeni miyezi itatu iliyonse, ndipo mvula yoyamba isanagwe ikanimo yatsopano. Zizindikiro n'zosavuta: fani ikulira kwambiri koma mpweya ukutuluka pang'ono, m'galimoto mukununkha chinyezi mukangoyatsa AC, kapena nthunzi ya pagalasi ikuchedwa kuchoka. Chomalizachi n'choopsa kuposa zonse, chifukwa m'galimoto yodzaza anthu, mazenera atatsekedwa mvula ikugwa kapena m'nyengo ya chiperoni, galasi limachita nthunzi msanga ndipo dalaivala amayamba kulipukuta ndi dzanja ali paliwiro.

Ena amati, "Ingoichotsani, mpweya uzituluka bwino." N'zoona, tsiku limenelo mpweya utuluka wamphamvu. Koma chitsulo choziziritsa chija chimakhala chonyowa AC ikamagwira ntchito, ndipo fumbi likafikapo limasanduka matope amene amamatirira m'timipata take n'kuchita chuku. Sefa mumaisolola ndi zala. Chitsulocho, kuti chitsukidwe bwino, nthawi zambiri pamafunika kumasula dashibodi yonse, ntchito yodula kutalitali kuposa mtengo wa sefa. Masamba ndi zinyalala zobwera ndi makoswe nazonso zimagwera m'fani, n'kuyamba kugogoda. Kusiya sefa yotsekeka nakonso si kupulumutsa ndalama, popeza kachipangizo kosinthira liwiro la fani kamazizira ndi mpweya womwewo, ndiye ukachepa kamatentha mpaka kupsa. Fani ikamayaka pa nambala yomaliza yokha, kawirikawiri vuto limakhala limeneli.

Palinso amene amati kuipopa ndi kompuresa n'kokwanira. Kuigogoda pang'ono kuti fumbi la pamwamba ndi masamba zigwe kumathandiza kwa kanthawi, koma mpweya wamphamvu umang'amba pepalalo, ndipo fumbi losalala limene lalowerera m'kati silituluka. Kuichapa ndi madzi ndiye kuiwonongeratu. Nanga amene sayatsa AC pofuna kusunga mafuta? Mpweya wa fani, wa hita ndi wochotsa nthunzi pagalasi umadutsabe m'sefa yomweyo. Komabe tisaipatse ulemu woposa ntchito yake: imathandiza wa mphumu ndi wa chimfine cha fumbi, koma siitsekereza mpweya wapoizoni wa ekizosi yobooka. Ekizosiyo ikawotcheredwe basi.

Kusintha kwake sikufuna sipanala pa galimoto zambiri za Toyota. Zimitsani injini, tsegulani kabokosi kaja, masulani kandodo kogwirira kumbali ngati kalipo, kenako finyani mbali zonse ziwiri kuti katsike. Kuseri muona kachivindikiro kopyapyala ka pulasitiki; kanikizani timano take, n'kusolola sefa mosaipendeketsa kuti zinyalala zisagwere m'fani imene ili pansi pake. Samalani ndi muvi wolembedwa m'mbali. Ukalembedwa kuti UP, uloze kumwamba; ukalembedwa kuti AIR FLOW, ukusonyeza kumene mpweya ukupita, ndipo m'galimoto zimene fani ili pansi pa sefa muviwo uloze pansi. Mukapeza mpata wopanda kanthu, dziwani kuti wina anaichotsa kale kapena galimotoyo inabwera yopanda sefa, ndipo mukhoza kuikamo. Pokagula, tengani yakaleyo kapena nambala ya chasisi, chifukwa Sienta yoyamba ya 2003 ndi ija inatuluka mu 2015 ndi galimoto zosiyana ngakhale dzina ndi limodzi. Sefa yaing'ono imasiya mipata m'mbali, ndipo fumbi limangodutsa pamenepo.