Uphungu: Magemu Ogula Mosonkherana Akayamba Kugwedeza Ubwenzi

Kubwerekana zinthu kumalimbitsa ubwenzi, ndipo malamulo ake akhala odziwika kuyambira kale ngakhale kuti salembedwa paliponse. Wobwereka khasu, njinga kapena wailesi amadziwa kuti chinthucho chili ndi mwini wake, kuti chiyenera kubwerera chili bwinobwino, ndiponso kuti sachipereka kwa munthu wachitatu mwiniwakeyo asanavomere. Malamulo amenewa amayamba kuvuta pamene chobwerekedwacho chili chosagwirika ndi manja, monga momwe alili magemu, omwe ndi masewera a pakanema oyendetsedwa ndi makina apadera, amene masiku ano ambiri sagulidwanso pa disiki koma amatsitsidwa pa intaneti n'kulembedwa m'dzina la akaunti ya munthu mmodzi. Kalata imene danga lino likuyankha sabata ino ikukhudza vuto limeneli.

Kalatayi yachokera kwa mnyamata wa zaka 24 wa mumzinda wa Lilongwe, yemwe wapempha kuti dzina lake lisatchulidwe. Iye akufotokoza kuti iyeyo ndi mnzake amene adaphunzira naye kusekondale ali ndi makina a PlayStation 5, aliyense ake, ndipo kwa zaka ziwiri akhala akusonkherana ndalama n'kumagula magemu kudzera pa akaunti yake, popeza ndiye adayamba kutsegula akaunti ndipo inali kale ndi magemu angapo. Kuti onse awiri azisewera, adapatsa mnzakeyo imelo ndi pasiwedi, omwe ndi mawu achinsinsi otsegulira akaunti. Zinthu zidayenda bwino mpaka miyezi itatu yapitayo, pamene adayamba kutulutsidwa ali mkati mosewera, pakanema n'kuoneka uthenga wakuti akaunti yake yalowa pa makina ena. Atafufuza adapeza kuti mnzakeyo adapereka pasiwedi kwa msuweni wake, ndipo ndalama zimene zidatsala mu akauntiyo zidagulidwira gemu imene iye sadaifune. Atamufunsa, mnzakeyo adayankha kuti popeza amalipira theka, magemuwo ndi akenso ndipo angathe kugawira aliyense amene wamufuna. Kuwonjezera apo, mnzawo wina amene ali ndi makina a Xbox akudandaula kuti awiriwa akumumana. Wolemba kalatayu akufunsa ngati asinthe pasiwedi mwakachetechete n'kuvomereza kuti ubwenzi wa zaka khumi watha, kapena apitirize kupirira.

Yankho liyenera kuyambira pa chimene awiriwa adagula, chifukwa mkangano wawo wonse wamera pa kusamvetsa mfundo imeneyi. Munthu akalipira gemu m'sitolo ya pa intaneti ya Sony, Microsoft, Nintendo kapena Steam sakhala mwini wa gemuyo monga momwe amakhalira mwini wa disiki imene angathe kuigulitsa kapena kuipatsa mphwake. Chimene amalandira ndi laisensi, kutanthauza chilolezo chogwiritsa ntchito gemuyo motsatira malamulo a kampani, ndipo chilolezocho chimamangiriridwa ku akaunti imene idalipira. Nkhaniyi yasokoneza ogula ambiri kotero kuti boma la California ku America lidakhazikitsa lamulo mu 2024, lomwe lidayamba kugwira ntchito mu 2025, lokakamiza masitolo otere kunena poyera kuti wogula akulandira chilolezo chabe. Tanthauzo lake pa mlandu uno ndi lakuti magemu onse amene anyamata awiriwa adasonkherana ali m'dzina la wolemba kalatayu yekha, ndipo palibe njira yowadulira pakati kapena yosamutsira ena ku akaunti ya mnzakeyo, ngakhale onse awiri atafunitsitsa.

Njira imene adagwiritsa ntchito ili ndi dzina pa PlayStation 5, lakuti Console Sharing and Offline Play, ndipo imalola mwini akaunti kusankha makina amodzi okha amene aliyense wosewererapo angatsegule magemu ake, ngakhale popanda intaneti. Sony idakonza njirayi poganizira banja lokhala m'nyumba imodzi, kuti bambo akagula gemu ana asewere pa maakaunti awoawo. Abwenzi okhala nyumba zosiyana amaitembenuza: mwini akaunti amasankha makina a mnzake kukhala makina ogawirana, ndipo iye amasewera pa makina ake polowa ndi akaunti yake. Mtengo wa kutembenuza kumeneku umagwera mwini akauntiyo, pakuti makina ake ayenera kukhala pa intaneti kuti atsimikize chilolezo, ndipo bandulo ikatha kapena netiweki ikagwa, pa chithunzi cha gemu imene adalipira yekha pamaoneka kachizindikiro ka loko, pamene mnzake kutsidya kwa mzinda akusewera mosatekeseka. Azing'ono ake a m'nyumba nawonso sangatsegule magemuwo pa maakaunti awo. Choncho wolemba kalatayu wakhala akupereka zambiri kuposa theka la ndalama, mwina osazindikira, ndipo mnzakeyo ayenera kuuzidwa zimenezi.

Kutulutsidwa ali mkati mosewera nakonso kuli ndi chifukwa chodziwika. Dongosololi lili ndi malo a anthu awiri basi, wina pa makina ogawirana ndi wina wolowa ndi akaunti yeniyeniyo, ndipo munthu wachitatu akalowa ndi pasiwedi yomweyo pa PlayStation 5 ina amakankha amene analipo. Kale malo anali ambiri, chifukwa m'nthawi ya PlayStation 3 gemu imodzi inkatha kutsegulidwa pa makina asanu, koma mu 2011 Sony idachepetsa chiwerengerocho kufika pa awiri. Makampani ena nawonso ali ndi malire awo. Pa Xbox munthu amasankha makina amodzi otchedwa Home Xbox, ndipo amaloledwa kusintha chisankhocho kasanu kokha pachaka. Steam Families, njira ya osewera pakompyuta imene idatsegulidwa kwa onse mu 2024, imalola anthu asanu ndi mmodzi a banja limodzi, ndipo wotulukamo amadikira chaka asanalowe m'gulu lina. Nintendo idayambitsa mu 2025 makadi a magemu osagwirika amene munthu angabwereke wa m'gulu la banja lake kwa masiku 14. Njira zonsezi zidapangidwira apabanja, ndipo malamulo a Sony ndi Microsoft amaletsa kupatsa wina pasiwedi. Akaunti ikayimitsidwa chifukwa chophwanya malamulo, mwini wake angathe kulephera kutsegula magemu onse amene adagula.

Dandaulo la mnzawo wa Xbox ndi losavuta kulithetsa, chifukwa palibe amene akumumana. Gemu yogulidwa m'sitolo ya PlayStation singatseguke pa Xbox, monganso yogulidwa pa Xbox singatseguke pa Nintendo Switch, popeza kampani iliyonse ili ndi sitolo yake ndi malaisensi ake. Chimene chimasokoneza anthu ndi chakuti magemu ena, monga Fortnite ndi EA Sports FC, yomwe mpaka 2023 inkadziwika ndi dzina lakuti FIFA, amalola osewera a pa makina osiyana kukumana m'bwalo limodzi pa intaneti. Kusewera limodzi kotereku sikutanthauza kugawana gemu, chifukwa aliyense amayenera kukhala ndi yake pa makina ake. Mnzawoyo angofotokozeredwa zimenezi mwaulemu, ndipo ngati chimene akufuna ndi kucheza ndi anzake, Fortnite imatsitsidwa kwaulere pa makina onsewa.

Chovuta chenicheni chili pakati pa wolemba kalatayu ndi mnzake wa kusekondale, ndipo chilungamo chikufuna kuti mbali zonse ziwiri ziyezedwe. Mnzakeyo ali ndi mfundo pa nkhani ya ndalama. Gemu yatsopano yotchuka imagulidwa pafupifupi madola 70 a ku America, ndipo kuchokera pamene kwacha idatsitsidwa mphamvu ndi 44 peresenti mu November 2023, theka la mtengo umenewo ndi thukuta losati n'kulipeputsa kwa mnyamata amene wangoyamba ntchito. Munthu amene wasonkha kwa zaka ziwiri sangatsekeredwe kunja m'mawa umodzi ngati mlendo, ndipo kusintha pasiwedi mwakachetechete kungakhale kulanda, ngakhale malamulo a kampani atakhala kumbali ya mwini akaunti. Koma mnzakeyo walakwa kwambiri pa nkhani ya pasiwedi. Ndalama zake zidamugulira mwayi wosewera magemu, pamene pasiwedi adaipatsidwa chifukwa chokhulupiriridwa, ndipo imatsegula zambiri kuposa magemu amene adasonkherana: ndalama za mu akaunti, mauthenga, dzina limene mwiniwake amadziwika nalo kwa osewera ena, ndi magemu amene adagula yekha mgwirizano usanayambe. Wopatsidwa kiyi wa nyumba kuti azigonamo sadulitsa kiyi wina n'kupatsa msuweni wake, ngakhale atakhala kuti amathandiza kulipira lendi.

Wolemba kalatayu nayenso ali ndi mbali yake, ndipo danga lino silingamubisire. Adapereka pasiwedi popanda kunena malire ake, mwina poopa kuoneka ngati sakhulupirira mnzake, ndipo manyazi a tsiku limodzi amenewo ndiwo abala mkangano wa miyezi itatu. Akuluakulu adati khasu lobwereka silikhala kuthyoka, ndipo ndi chifukwa chake anthu odziwa kusunga ubwenzi amayamba apangana za kuthyokako khasu lisanachoke pakhomo. Kuvomereza kulakwa kumeneku pamaso pa mnzake sikumuchotsera ulemu, koma kumapatsa winayo mpata wovomereza kwake popanda kumva ngati wazengedwa mlandu.

Chimene ayenera kuchita chili ndi ndondomeko yake, ndipo kukambirana kuyenera kubwera patsogolo pa kusintha kulikonse. Apite kwa mnzakeyo maso ndi maso, osati pa WhatsApp pamene mawu amamveka olimba kuposa mmene adalembedwera, ndipo amuuze zinthu zitatu: kuti ndalama zimene adasonkha zikudziwika ndipo sizidzatayika, kuti kupereka pasiwedi kwa msuweni kudamupweteka ndi kumuluzitsa ndalama, ndiponso kuti pasiwediyo isinthidwa tsiku lakutilakuti. Akatero akhale pansi ndi mndandanda wa zogula, umene umapezeka mu akaunti momwemo ndi madeti ndi mitengo yake, kuti aliyense aone zimene adalipira ndipo ndalama za gemu imene msuweni adagula zichotsedwe pa mbali ya amene adamulowetsa. Ziwerengero zikakhala patebulo, mkangano umachepa chifukwa palibe amene akudalira kukumbukira kwake kokha.

Pambuyo pake akauntiyo itetezedwe mokwanira. Mwini wake asinthe pasiwedi, atulutse akauntiyo pa makina onse kudzera pa tsamba la PlayStation, ndipo ayatse chitetezo cha magawo awiri, chomwe chimafuna nambala yotumizidwa pa foni yake nthawi iliyonse wina akafuna kulowa pa makina atsopano. Ayatsenso lamulo lofuna pasiwedi chinthu chilichonse chisanagulidwe. Ngati makina a msuweni adasankhidwa kukhala ogawirana, Sony imalola kuchotsa makina onse nthawi imodzi kudzera pa intaneti, koma kamodzi kokha pa miyezi isanu ndi umodzi, choncho mwayi umenewu usagwiritsidwe ntchito mwaphuma. Kusamala kotereku n'kofunika kwambiri kwa osewera a kuno kwathu, chifukwa Malawi sali m'gulu la mayiko amene sitolo ya PlayStation imawatumikira mwachindunji, ndipo ambiri adatsegula maakaunti awo m'dzina la South Africa kapena America, zimene zimachititsa kuti kubweza akaunti yotayika kukhale ntchito yovuta.

Za m'tsogolo pali njira ziwiri zachilungamo. Yoyamba, yomwenso ndi yotetezeka pamaso pa malamulo a kampani, ndi kuthetsa mgwirizanowo mwamtendere: mwini akaunti abweze pang'onopang'ono ndalama zimene agwirizana, aliyense azigula pa akaunti yake, ndipo magemu amene akufuna kubwerekana awagule pa disiki ngati makina awo ali ndi polowetsa disiki, pakuti disiki imabwerekedwa, kubwezedwa ndi kugulitsidwa popanda pasiwedi ya munthu. Yachiwiri ndi kupitiriza, onse awiri akudziwa kuti akugwiritsa ntchito njira imene idapangidwira a m'nyumba imodzi ndipo ali okonzeka kusenza zotsatira zake. Akasankha imeneyi, mwini akaunti apite yekha kukalowetsa pasiwedi pa makina a mnzakeyo, atseke dzina lake pa makinawo ndi nambala yachinsinsi ya manambala anayi, ndipo mnzakeyo azisewera pa akaunti yakeyake, popeza kugawirana kukayatsidwa sasowanso pasiwedi ya wina. Apanganenso polemba, ngakhale pa uthenga wa pafoni, za amene alipira gemu iti ndi chimene chidzachitike mmodzi akadzafuna kutuluka.

Mmene mnzakeyo adzalandirire zimenezi ndi mmene wolemba kalatayu adzadziwire kulemera kwa ubwenzi wawo. Bwenzi lenileni likhoza kukwiya tsiku loyamba, koma likaona kuti ndalama zake zawerengedwa mwachilungamo ndipo mwayi wake wosewera sunachotsedwe, lidzamvetsa kuti malire aikidwa pofuna kusunga chibwenzicho. Ngati adzakana zonse n'kuumirira kuti pasiwedi ikhalebe m'manja mwake ndi mwa msuweni wake, ndiye kuti chimene akufuna ndi akauntiyo, ndipo mwini wake adzakhala ndi ufulu wonse woitseka atabweza zimene ayenera kubweza. Wolemba kalatayu asasinthe pasiwedi mobisa ndipo asapirire mwakachetechete; alankhule ndi mnzake sabata ino, abweze cha mwini, ndipo pasiwedi yatsopanoyo aisunge yekha.