WOWERUZA NCHITO ZA LUSO

Pamene makwaya a ku Chipangali apikisana, kapena amisiri apita ndi mbiya, madengu ndi mphasa zao ku cionetsero ca ku Chipata, pakhala munthu woikidwa kuti anene nchito yopambana. Azungu amucha munthu wotere critic. Ambiri a ife timasulira kuti "wotsutsa," ndipo oweruza ena ayesa kuti nchito yao ndiyo kutsutsa basi. Cotero oimba ambiri athyoka mtima, naleka kuimba. Tiyeni tifunefune gwero la dzinali.

Dzinali lacokera ku Cihelene, cinenero cimene analembamo Cipangano Catsopano. Muzu wace ndiwo krinein, ndiko kulekanitsa, monga mai alekanitsa mphale ndi gaga m'licero. Pa muzu umenewu panaphuka krites, woweruza mirandu, ndi kritikos, wodziwa kusiyanitsa. Aroma anati criticus, ndipo Angerezi analandira dzinali pafupi ndi caka ca 1600. Buku lija limene Baibulo wathu wa 1922 alicha Oweruza, m'Cihelene ndilo Kritai.

Ku Alexandria, zaka ngati 150 asanabadwe Ambuye, kunali mphunzitsi Aristarchus, woyang'anira nyumba ya mabuku. Iye anasanthula ndakatulo za Homer, naika kamzere pambali pa mau amene anawayesa oonjezedwa ndi ena. Koma mau oterewo sanawafafanize. Anawasiya kuti akudza m'mbuyo adzaweruzenso okha.

M'Cipangano Catsopano conse kritikos lipezeka kamodzi kokha, pa Ahebri 4:12, ndipo pamenepo silinena za munthu ai, koma za Mau a Mulungu, amene azindikira zobisika za mumtima. Munthu angathe kuweruza mbiya kapena nyimbo. Mtima wa mmisiri auweruza Mulungu yekha.

Citsanzo cathu ndiye Mose. Werengani Eksodo 39:32-43. Bezaleli ndi Oholiabu ndi anzao atatsiriza cihema, anadza naco kwa iye. Mose anayamba wapenya nchito yonse, nailinganiza ndi cimene Mulungu adalamulira, ndipo atapeza kuti iri bwino anawadalitsa.

Tsono inu, abale, mukaikidwa kuweruza, penyani nchito yonse musanatsegule pakamwa. Musakondere mwana wa mlongo wanu, kapena kwaya ya mudzi wa kwanu. Pamene palakwika nenani poyera ndi mofatsa, pakuti akulu anati wakutsina khutu ndi mnansi; koma chulaninso cimene cakoma, kuti mwini nchito adziwe coti asunge. Mnyamata amene mumseka lero pa dengu lace loyamba sadzalukanso laciwiri. Mai wopeta sataya mphale pamodzi ndi gaga, cifukwa adziwa kuti ana ace adzadya mphaleyo.