Ferret Wobisa Katundu M'nyumba

Nkhaniyi ndi ya inu a ku Britain amene mukuweta ferret, kanyama kowonda konga likongwe kaja. Vuto lathu lero ndi loti kanyamaka kamatola masokosi, makiyi ngakhale chakudya n'kukabisa kunsi kwa sofa. Sikuti n'kakuba ayi. Makolo ake akutchire ankasunga nyama yotsala kuuna kuti adzadye mawa, ndipo chibadwa chotere sichitha ndi kukalipira. Ena amati ingokalandani zonse kuti kaleke. Koma kakapeza pobisa pake pali mbee, kamatha kusamukira pena posadziwika, inu n'kumavutika kufunafuna.

Choncho kapatseni malo akeake. Ikani katoni pakona, muikemo zidole zolimba, kazibisa momwemo. Muzisuzumira m'katonimo tsiku lililonse, muchotse nyama isanawole. Choopsa kwambiri ndi labala ndi siponji. Chofufutira cha pensulo kapena chidutswa cha patapata kamatafuna n'kumeza, matumbo n'kutsekeka. Zimenezi zitsekereni m'kabati. Kakasiya kudya, kakayamba kusanza kapena kufooka, thamangirani kwa dokotala wa ziweto tsiku lomwelo.

Tibwereze: kapatseni pobisa pake, labala ndi siponji muike patali.