Kodi kulumikiza filimu kungandidyetse?

Funso: Ndine mnyamata wa ku Zóbuè. Ndimajambula maukwati ku Moatize n'kumalumikiza pafoni ndi CapCut. Kodi ntchitoyi ndingafike nayo patali?

Yankho: Achimwene, mwayamba kale, koma luso lenileni lagona pa kutaya. Ukwati wa tsiku lonse utuluke mphindi 15, ndipo chithunzi chokongola chimene sichipititsa nkhani patsogolo chichotseni, ngakhale mutachikonda.

Samalani kwambiri mawu. Ku Moatize sitima za malasha ndi malole zimasokosa. Anthu amapirira chithunzi chosaoneka bwino, koma malumbiro osamveka sakhululuka. Yesani kulowetsa mawu a wolankhula nkhope yake isanaoneke, mudzaona msoko ukubisika.

Mukapeza kompyuta, phunzirani pulogalamu ya DaVinci Resolve, ilipo yaulere. Onerani mafilimu "Comboio de Sal e Açúcar" ya Licínio Azevedo ndi "The Road to Sunrise" ya Shemu Joyah, muziimitsa pamene adula n'kudzifunsa chifukwa chake. Maphunziro a kanema aliko kusukulu ya ISArC, ku Matola.

Ndalama zoyamba zidzachokerabe ku maukwati, makwaya ndi oimba. Gwirizanani mtengo musanayambe, muuzanenso kuti mudzakonza kangati, chifukwa apongozi akaonera sachedwa kufuna zosintha. Zojambula zonse muzisunga malo awiri.