Phunziro: Nora Aunor, wosewera wa anthu wamba ku Philippines

Ophunzira, lero tili ku Philippines, ndipo tiona momwe mayi mmodzi wamfupi anatengera moyo wa antchito n'kuuika pa kanema. Dzina lake ndi Nora Aunor.

Tiyambe ndi kumene anachokera. Anabadwa mu 1953 ku Iriga, m'chigawo cha Camarines Sur, m'banja losauka. Ali mwana ankagulitsa madzi akumwa pasiteshoni ya sitima. Mu 1967 anapambana mpikisano woyimba wa Tawag ng Tanghalan, ndipo kuyimbako ndi kumene kunamutsegulira njira ya mafilimu.

Apa tcherani khutu. Masiku amenewo akatswiri a mafilimu kumeneko ankakhala oyera khungu, ataliatali, ambiri a magazi osakanizika ndi achizungu. Nora anali woderapo, wochepa msinkhu, wofanana ndi mtsikana wogulitsa pamsika. Amayi ochapa zovala za eni ndi atsikana antchito ankati akamuona, ankaona m'bale wawo. N'chifukwa chake pamene anasewera wantchito wapakhomo mu filimu ya Atsay mu 1978, palibe anafunsa ngati akuidziwa ntchitoyo.

Chachiwiri ndi kaseweredwe kake. Nora sankadalira kukuwa kapena kudzigwetsa pansi. Ankasewera ndi maso. Tengani Bona, filimu ya 1980 imene anatsogolera Lino Brocka. Mtsikana Bona akuthawa kwawo kukakhala m'kanyumba ka Gardo, mwamuna wosewera timbali ting'onoting'ono m'mafilimu. Akumutungira madzi, kumuphikira, kumuchapira, kumusambitsa, iye osalabadira n'komwe, n'kumabweranso ndi akazi ena. Bona sanena zambiri, amangoyang'ana. Tsiku limene Gardo akumuuza kuti akupita ku America ndi mkazi wina, madzi osamba ali pamoto. Bona akuyang'ana mphika ukuwira, akuunyamula, n'kumukhuthulira madziwo. Kwa ine, mphika umenewo ukuposa mawu onse a m'filimuyi. Mwaona kuti chida chake chobwezera ndi chomwe chija ankatumikira nacho?

Chachitatu, nkhani ya opita kunja kukasaka ntchito. Mu Malichi 1995 dziko la Singapore linanyonga Flor Contemplacion, mayi wa ku Philippines amene ankagwira ntchito yapakhomo kumeneko, atamupeza wolakwa pa mlandu wakupha. Kwawo anthu anakwiya kwambiri, ambiri osakhulupirira chigamulocho. Chaka chomwecho Nora anasewera Flor mu filimu ya Joel Lamangan, ndipo analandira mphoto ya wosewera wamkazi wopambana pa chikondwerero cha mafilimu ku Cairo.

Boma la Philippines linachedwa kulemekeza Nora. Mu 2014 pulezidenti Benigno Aquino anachotsa dzina lake pa mndandanda wa olandira ulemu wa National Artist. Ulemuwo unadzabwera mu 2022. Anamwalira pa 16 Epulo 2025.

Ntchito ya kunyumba: lembani theka la tsamba lofotokoza zimene Bona akuganiza ali chiimire pafupi ndi mphika uja. Musamuyankhulitse ngakhale liwu limodzi.