Mafunso ndi Mayankho: Mphika wa Banja ndi Ntchito za Thupi ku Chiromo

Makalata ambiri a sabata ino achokera ku Chiromo, kumene Ruo amathira mu Shire, ndi midzi yoyandikana nako, ku Bangula ndi kutsidya ku Makhanga. Ndasankhapo anayi chifukwa onse akukhudza nkhani imodzi, ya mmene chakudya ndi ntchito zimagawidwira pakhomo. Maganizo anga ndi akuti munthu amene amadya mumphika umodzi ndi anzake sangasinthe kadyedwe payekha, ndipo kusintha kumene kumakhalitsa ndi kumene banja lonse lalowamo.

Kalata yoyamba yachokera kwa mayi wina wa ku Chiromo komweko. Akuti: "Amuna anga anawapeza ndi BP kuchipatala, anawauza kuti achepetse mchere ndi mafuta. Tsopano ndimaphika ndiwo ziwiri, zawo ndi zathu. Nkhuni zikutha, ine ndikutopa, komanso iwo akumatapa ndiwo za ana chifukwa akuti zawo sizikukoma. Nditani?"

Amayi, siyani kuphika pawiri. Phikani ndiwo zimene abambowo auzidwa, ndipo aliyense pakhomopo adye zomwezo. Ndikudziwa kuti mukuona ngati mulanga ana pa matenda amene si awo, koma tamvani chifukwa chake. Kafukufuku wa STEPS amene Unduna wa Zaumoyo unachita mogwirizana ndi bungwe la WHO mu 2009 anapeza kuti mwa akuluakulu atatu alionse a zaka 25 mpaka 64 m'Malawi muno, mmodzi anali ndi vuto la kuthamanga kwa magazi, ndipo ambiri mwa iwo sankadziwa n'komwe. Vutoli silinali la m'tauni mokha, linapezekanso kumidzi. Choncho amuna anu asaoneke ngati achilendo pakhomopo. Iwo angokhala oyamba kuyezedwa, ndipo inuyo mwina muli panjira yomweyo. A WHO amalangiza kuti munthu wamkulu asapitirire magalamu 5 a mchere pa tsiku, womwe ndi pafupifupi kasupuni kamodzi ka tiyi, ndipo mwana amafunika wochepa kuposa pamenepo. Muyeso umenewu ukuphatikiza mchere wonse: wam'ndiwo, wam'nsomba zouma zothira mchere, wam'timakyubu tokometsera, wa pa kanyenya, ndi uja timauika m'kambale pambali kuti aliyense azitsinako. Yambani ndi kuchotsa kambale kameneko pamphasa. Kenako muzichepetsa mchere wam'poto pang'onopang'ono, osati lero ndi lero. Lilime limazolowera pakapita masabata angapo, ndipo tomato, anyezi, nsinjiro, chitowe kapena madzi a bwemba zimabwezeretsa kukoma kumene mukuopa kuti kuthawa. Mwana amene wakula ndi ndiwo za mchere wochepa sadzavutika ali ndi zaka 50 ngati mmene akuvutikira bambo ake lero.

Wina anganene kuti kuno kumatentha, mu Okutobala ndi Novembala kumafika madigiri 40, timatuluka thukuta kwambiri ndiye thupi limafuna mchere wambiri. N'zoona kuti thukuta limatuluka ndi mchere. Koma thupi la munthu wozolowera kutentha limasunga mchere bwino, ndipo umene uli kale m'chakudya cha tsiku ndi tsiku umakwanira anthu ambiri. Chimene chimasowa kwenikweni m'thupi la munthu amene wakhala kudimba mpaka dzuwa lili paliwombo ndi madzi, ndipo akhale a pamjigo, owiritsa kapena othira klorini. Mchere wochepa umene muzigwiritsa ntchitowo ukhale wa ayodini. Abambowonso asasiye mankhwala a kuchipatala chifukwa choti ndiwo zasintha. Zinthu ziwirizi zimayendera limodzi, ndipo woti achepetse mankhwala ndi dokotala atawayezanso.

Kalata yachiwiri ndi yolemera, ndipo ndikhalapo pang'ono. Yachokera kwa bambo wina wa ku Makhanga. Akuti: "Inu a pawayilesi mumakonda kunena za magulu asanu ndi limodzi a zakudya. Ife madzi anatikokolola mu 2015, anabweranso ndi namondwe Idai mu 2019, Ana mu 2022, Freddy mu 2023. Nthawi ya njala timadya nyika. Kodi zimenezi si nkhani za anthu a ku Blantyre?"

Abambo, mawu anu ndawamva ndipo sindikuwapeputsa. Banja limene lili pamsasa, limene likudikira thumba la ufa wa chithandizo, kapena limene mayi akulowa m'dambo momwe muli ng'ona kukafuna nyika, silingauzidwe kuti lisankhe zakudya. Pamenepo chofunika ndi chithandizo, ndipo mwana amene wayamba kunyentchera kapena kutupa mapazi apite kusikelo tsiku lomwelo kuti akalandire chiponde. Koma chaka sichikhala cha njala miyezi yonse 12, ndipo pa miyezi imene chakudya chilipo, chigwa cha Shire chino chili ndi zinthu zimene wa ku Blantyre amazigula ndi ndalama zambiri. Zokhutitsa muli nazo: mapira, mchewere, chimanga cha kudimba, mbatata. Zanyama zilipo: mlamba ndi makakana a mu Shire ndi m'dambo la Elephant Marsh, mbuzi, nkhuku, mazira. Zanyemba ndi khobwe ndi nandolo. Masamba ndi nkhwani, chitambe, kholowa, bonongwe, therere, ndi cham'mwamba, chimene ambiri kuno mumachitcha sangowa, mtengo umene umakhalabe ndi masamba ndiwo zina zitauma. Zipatso ndi malambe, masawu, bwemba, mango ndi mapapaya. Zamafuta ndi chitowe ndi mtedza. Magulu aja ndi amenewa, palibe ngakhale limodzi lofuna kuti mukwere basi.

Tsono vuto lili pati? Kafukufuku wa dziko lonse wa Malawi Demographic and Health Survey wa 2015-16 anapeza kuti ana 37 mwa 100 alionse osakwana zaka 5 anali opinimbira, ndipo mwa ana a miyezi 6 mpaka 23, pafupifupi 8 okha mwa 100 ndi amene ankadya mokwanira, kutanthauza zakudya zakasinthasintha komanso kangapo pa tsiku. Umphawi uli ndi gawo lalikulu pa manambala amenewa, koma si wokhawo, chifukwa ana opinimbira amapezekanso m'makomo momwe muli khola la mbuzi ndi bwato pagombe. Taonani zimene zimachitika madzulo nsima ikapsa. Mlamba umodzi waphikidwa. Nthuli zonona zapita m'mbale ya abambo ndi mlendo. Ana akuluakulu azungulira mbale yawo ndipo ali ndi manja achangu. Kamwana ka chaka chimodzi ndi theka kali pamiyendo pa amake, akukapatsa mbamu yoviika mu msuzi. Msuziwo uli ndi fungo la nsomba ndi mchere, koma chomanga thupi chatsala mu mnofu umene kamwanako sikanaulawe. Mayi amene akuyamwitsa, mwinanso ndi woyembekezera, adya pomaliza zimene zatsala m'poto. Banja limeneli likafunsidwa linena kuti ladya nsomba, ndipo silinama, koma anthu awiri amene matupi awo amafuna nsombayo kuposa onse sanaipeze. Masiku 1,000 oyamba, kuyambira pamene mayi waima mpaka mwana atakwanitsa zaka 2, ndiyo nthawi imene msinkhu ndi ubongo zimamangika, ndipo zimene zatayika pamenepo n'zovuta kuzibweza ngakhale mwanayo atadzadya bwino pambuyo pake.

Ena anena kuti mwambo wathu umati mwini khomo ayambe, chifukwa ndiye amalima ndi kupalasa bwato. Ulemu kwa abambo sindikuutsutsa, ndipo munthu wogwira ntchito yolemetsa amafunikadi nsima yokwanira. Koma mphamvu yolimira imachokera makamaka mu nsimayo, ndipo bambo wamkulu sataya kanthu akapereka nthuli imodzi kwa kamwana. Kusinthaku kumayenda bwino abambo akakuyambitsa okha, chifukwa mayi akachita yekha zimaoneka ngati mwano. Abambo a ku Makhanga, inuyo ndi amene munganene kuti kamwana kakhale ndi kambale kakekake, kotapidwa poyamba, momwe muli mnofu wochotsa minga. Ndinunso amene munganene kuti mwa nsomba zimene zikupita kumsika wa Bangula, ziwiri zitsale, ndiponso kuti dzira limodzi lilowe m'phala m'malo mogulitsidwa kuti mugule timapaketi ta zokazinga ndi zakumwa zotsekemera. Nthawi ya dimba, madzi akaphwa, patulani mzere wa mbatata yofiira mkati, monga Kaphulira kapena Zondeni, imene ili ndi vitamini A, ndipo masamba akachuluka futsani mfutso, muuyanike pamthunzi, kuti udzakuthandizeni m'chilimwe. Mapira ndi mchewere musaziyese zakudya za osauka. Zimapirira ng'amba kuposa chimanga, ndipo ufa wake wosakonola kwambiri umakhalitsa m'mimba, zomwe zimathandizanso amene ali ndi shuga.

Kalata yachitatu ndi ya mnyamata wa kabaza wa pa Bangula. Akufunsa kuti: "Ife timapalasa njinga tsiku lonse, makolo athu amalima. Masewera olimbitsa thupi ndi a chiyani?"

Achimwene, inuyo simukufunika kuthamanga. A WHO amati munthu wamkulu azigwiritsa ntchito thupi mpaka kupuma mofulumirirako kwa mphindi zosachepera 150 pa sabata, ndipo mwana wa zaka 5 mpaka 17 kwa mphindi 60 pa tsiku. Kulima, kusinja, kupalasa bwato ndi kutchova njinga zonse zimawerengedwa, ndiye inu muyeso umenewu mumaukwanitsa lisanathe Lolemba. Koma tayang'anani pakhomo panu ndi pa anzanu. Ntchito ya thupi, ngati nsomba ija, sigawidwa mofanana. Pali mayi amene amadzuka kusanache, kukatunga madzi, kupita kudimba, kubwera ndi mtolo wa nkhuni pamutu mwana ali kumbuyo, n'kudzaphikanso. Ameneyu thupi lake likufuna mpumulo ndi chakudya, makamaka ngati ali woyembekezera. Pakhomo pomwepo pali munthu amene amakhala pa golosale kuyambira m'mawa mpaka usiku, kapena amene anasiya njinga yakapalasa n'kugula yamoto, kapena wa mu ofesi amene kuyenda kwake ndi kochoka pampando kupita pa bawo. Ameneyu akadali kudya nsima ya mlimi pamene khasu analisiya kalekale, akumwa tiyi wa masupuni anayi a shuga ndi mandasi, ndipo mimba yayamba kutsogola. Anthu awiriwa mankhwala awo ndi amodzi: wokhala pansiyo atenge zigubu pa njinga akatunge madzi, akawaze nkhuni, akathirire kudimba. Iye wapeza masewera ake popanda kulipira kalikonse, ndipo mayi uja wapeza ola lopuma.

Pa za ana, mpira wachikulunga, ntchemberembaye, fulaye ndi phada n'zokwanira, bola atsikana asamangotsala ndi ntchito zapakhomo anyamata ali kubwalo. Akuluakulu amene amachita manyazi kuyenda popanda kolowera angayende ulendo wa kutchalitchi, kumzikiti kapena kumsika wapansi, ndipo amene amavina utse kapena likhuba akudziwa kale mmene mtima umagundira gule akafika pakati. Chifukwa cha kutentha kwa kuno, nthawi yake ndi mbandakucha kapena dzuwa litapendeka. Kusambira mu Shire kapena mu Ruo sindikulimbikitsa ngakhale pang'ono, chifukwa kuli ng'ona, ndipo m'madzi odikha a m'madambo ndi momwe ana amatengera likodzo.

Kalata yomaliza ndi yaifupi, yochokera kwa mayi wina wochita geni. Akuti adokotala anawauza kuti achepetse thupi chifukwa cha shuga, koma akuopa kuti akaonda anthu ayamba kunong'ona kuti akudwala, kapena kuti amuna awo sakuwasamala.

Amayi, mantha anuwa ali ndi pochokera. Tinadutsa zaka zimene kuonda kunkatanthauza maliro, ndipo kunenepa takhala tikukuwerenga ngati umboni wa mtendere pabanja. Simuli nokha: kafukufuku wa 2015-16 uja anapeza kuti mwa amayi asanu alionse a zaka 15 mpaka 49, mmodzi anali wonenepa kupitirira muyeso. Koma shuga wosasamalidwa amawononga maso, impso ndi mitsempha ya kumapazi mwakachetechete, ndipo anthu onong'onawo sadzakhalapo pamene bala la kuphazi lakana kupola. Simukufunsidwa kuti muonde mpaka mafupa kuonekera. Kuchotsa makilogalamu 4 kapena 5 pa thupi la makilogalamu 80 kumathandiza kale kutsitsa shuga m'magazi, ndipo kukachitika pang'onopang'ono ambiri sazindikira n'komwe. Apa mpamene banja limakutetezani. Ngati amuna anu akudya nanu nsima ya mgaiwa kapena ya mapira, mitanda yocheperako ndi masamba ambiri, ngati akuyenda nanu m'mawa anthu akuona, ndiponso ngati ndi iwo amene akuuza apongozi ndi alamu anu kuti ili ndi langizo la kuchipatala, mphekesera imasowa poyambira. Tsiku lanu lotsatira lokayezetsa, apempheni amuna anu akuperekezeni, alowe nanu kwa adokotala amve okha, ndipo ali komweko nawonso ayezetse BP ndi shuga.

Nthawi yathu yathera pamenepa. Makalata amene atsala, kuphatikizapo awiri ofunsa za phala la ana oyamba kudya, tidzawayankha sabata yamawa.